Mayi wosenza makina osokera pa msewu wa ku Limbe

Ntchito yanga ndi yojambula kanema wa maukwati. Ndili ndi kachipinda ku Limbe, pamwamba pa shopu yogulitsa nsapato, ndipo Loweruka ndimakhala chiimire kuyambira ku tchalitchi mpaka anthu atabalalika ku holo. Masiku enawo ndimakhala pa kompyuta, kudula ndi kulumikiza zimene ndajambula. Za mbiri yakale ndinasiyana nazo ku sekondale ndipo sindinkazisowa.

Tsiku lina m'nyengo ya chiperoni kunakwera mayi wina wachikulire, atavala juzi yokhuthala, akupuma mwabefu chifukwa cha masitepe athu aja. Anakhala pampando osadikira kuuzidwa. Anati anaonera kanema wa ukwati wa mwana wa mchemwali wawo, ndipo chimene chinawakoka n'choti sindinangolondola akwati okha. Ndinalowanso kuseri kwa holo n'kujambula azimayi ophika akukangana za mchere. Kenako anandifunsa ngati ndimatha kukhala chete munthu wamkulu akamayankhula. Ndinayankha kuti ndiyesetsa.

Za moyo wawo ndinazimva pang'onopang'ono, m'minibasi ndi m'makhonde mwa anthu. Anayamba ngati mphunzitsi wa mbiri yakale pa sukulu ina ya atsikana, m'nthawi ija munthu ankayang'ana kaye uku ndi uku asanatchule za boma. Ankati ankaphunzitsa za maufumu akale ndi mtima wonse, koma akafika pa zaka zoyandikira ufulu wodzilamulira ankangowerenga zam'buku, osaonjezera liwu. Zinthu zitamasuka anapeza mwayi wokaphunzira kunja, n'kubwera kudzaphunzitsa ku yunivesite mpaka kupuma. Analemba mabuku a m'Chingerezi onena za kutha kwa chitaganya ndi zaka zoyamba za dziko lathu. Ankaseka okha ponena kuti mabukuwo amawerengedwa kwambiri kutsidya kwa nyanja kusiyana ndi ku Nancholi kumene amakhala. Aneba awo ankangowadziwa ngati aphunzitsi opuma, olima mpiru wabwino kuseri kwa nyumba. N'chifukwa chake anaganiza zopanga kanema wa m'Chichewa, woti amene anaona masiku amenewo ndi maso awo aziyankhula okha. Ine ndinazolowera kuwatchula kuti aphunzitsi, ngati mmene ankachitira aliyense.

Tsiku loyamba lija anatulutsa fulashi m'kachikwama. Munali kanema wamfupi, wakuda ndi woyera, wopanda mawu, amene anamupeza m'nyumba yosungira zinthu zakale kunja komwe ankaphunzirako. Anajambula ndi mzungu wina amene sanalembe kalikonse kupatula kuti ndi ku Limbe, m'masiku olandira ufulu. Nditatsegula ndinaona msewu womwewu umene ndimadutsa tsiku ndi tsiku, koma wotakasuka, mashopu ake a makhonde aatali, ndiponso chikhamu cha anthu chikulowera mbali imodzi. Amuna a zipewa, ena akuguguza njinga, ana asukulu atanyamula timbendera. Ine ndinkayembekeza kuti tiona akuluakulu a ndale. Aphunzitsi anandiuza kuti ndidikire.

Chakumapeto kunatulukira mayi wina akuyenda mosemphana ndi gulu lonse. Pamutu anali atasenza makina osokera, aja opukusa ndi dzanja, atawamangirira pa thabwa. Anthu ankamupatukira. Atafika pafupi ndi wojambula anaima, n'kuyang'ana m'kamera mwenimweni, n'kunena mawu angapo, n'kuseka, kenako n'kupitirira. Basi kanema n'kuthera pomwepo.

Aphunzitsi anati kwa zaka zambiri akhala akufunsa kuti mayi ameneyu anali ndani. Matelala a m'makhonde masiku amenewo anali amuna, ndiye mzimayi anawapeza bwanji makina? Nanga tauni yonse ikupita kosangalala, iye ankapita kuti? Ndinabwereza kanemayo kangapo. Sindinganame, nanenso ndinayamba kufuna kudziwa, makamaka chimene ananena chija, chifukwa kasekedwe kake kanali ka munthu amene wanena chinthu chothyola nthiti.

Tinayamba kuyenda. Ine ndinkanyamula kamera, miyendo yake ndi laputopu, iwo ankanyamula ambulera ndi paketi ya shuga yosiya pakhomo. Anali ndi kachitidwe kawo. Sankayamba ndi kanema. Ankayamba kufunsa munthu kumene anabadwira, chimene makolo ake anadzera m'tauni, kumene ankatunga madzi. Munthu akamasuka, m'pamene ankandikodola kuti nditsegule laputopu. Ndipo sankaloza chilichonse. Ankangoyang'ana nkhope ya woonerayo.

Zimene anthu ankaona zinkandidabwitsa. Gogo wina wa ku Ndirande sanasamale za chikhamu, anangoti kakasi ndi mtengo wa pakona umene unadulidwa kalekale. Wina anatchula mashopu onse motsatana, ndi zimene ankagulitsa, mpaka fungo la sopo wake. Mkulu wina amene anali mesenjala anati tsikulo iye analigonera chifukwa cha dzino, ndipo mpaka lero ana ake amamuseka nazo. Aphunzitsi ankakondwa ndi mayankho oterewa kuposa mmene ndinkaganizira. Ankati mabuku onse amanena za amene anali kutsogolo kwa gulu, koma dziko linalandiridwanso ndi anthu odwala dzino. Za mayi wa makina, ambiri ankangoti nkhope ngati yodziwika, koma dzina ayi.

Ku Chimwankhunda anatilozera kwa bambo wina wachisilamu amene anakalambira pa chiwongolero, kuyendetsa malole opita kumadoko. Tinawapeza atangobwera ku mzikiti, atavala mkanjo woyera ndi chipewa choluka. Anali munthu wa nthabwala, wosakaniza Chinyanja ndi Chiyao, ndipo anatisunga nthawi yaitali ndi nkhani za m'misewu. Kanema atayamba anatchula mtundu wa lole imene inaima m'mbali mwa msewu, akumwetulira. Mayi uja atatulukira, kumwetulira kunatha. Anasendeza mpando, n'kupempha kuti ndibwereze. Nditabwereza anavula magalasi.

“Awa ndi amayi anga,” anatero motsitsa mawu. “Kayendedweko ndi kawo. Onani phewa lakumanzerelo.”

Anafotokoza kuti ankakhala m'timanyumba ta pafupi ndi njanji, bambo awo akugulitsa nsomba zouma mumsika, mayi awo akusoka madiresi a ana ndi mayunifolomu. Mayiwo anamwalira iwo ali mnyamata, ndipo panalibe chithunzi chawo ngakhale chimodzi. Aphunzitsi atafunsa chimene akuganiza kuti mayiwo ananena kwa wojambula, bambowo anati n'zachidziwikire kuti ndi Chiyao, ndipo ayenera kuti anamuuza mzunguyo kuti m'malo mongoima ndi kabokosi awathandize kusenza. Anaitana akazi awo, ana ndi adzukulu kuti adzaone. Pabalaza panadzaza. Ine ndinajambula zonse mtima uli m'malo, ndikudziwa kuti kanema wathu wapeza mutu wake.

Tili m'minibasi pobwerera ndinawayamikira aphunzitsi kuti funso lawo layankhidwa. Iwo anangoti tione kaye. Ndinaganiza kuti ndi khalidwe la anthu ophunzira, kusafuna kuvomera msanga.

Patapita milungu ingapo tinapita kwa mayi wina wa ku Nancholi komweko, kumtunda kwa nyumba ya aphunzitsi. Anagwira ntchito zaka zambiri m'fakitale ina ku Makata, kulongedza katundu m'makatoni, ndipo tsopano anali mtsogoleri wa amayi a pa tchalitchi chawo. Agogo awo anachokera ku Mozambiki wapansi, n'kuyamba kugwira ntchito m'minda ya tiyi, ana awo n'kudzalowa m'tauni. Tinapitira nkhani imeneyo, ya mmene anthu obwera anamvera pamene dziko limene anafikiramo linkalandira ufulu pomwe kwawo kunali kudakali m'manja mwa Apwitikizi. Anayankha bwino, mosafulumira. Kumapeto ndinatsegula laputopu monga mwa nthawi zonse.

Mayi wa makina atatulukira, iwo anagwira pakamwa. Anakhala choncho mpaka kanema kutha, kenako anati amenewo ndi mayi awo owabereka. Anati duku lomanga chakumbali lija ndi mamangidwe awo, ndipo mpata wa m'mano umene umaoneka akamaseka ndi womwe iwo anatengera. Anatsegula pakamwa kutionetsa. Ankakhala pafupi ndi njanji ku Limbe, bambo awo akugwira ntchito yokonza njanjiyo. Chithunzi cha mayi awo analibe, chinapsa ndi nyumba. Pa za mawu aja, anati milomoyo ikuyankhula Chilomwe, ndipo akumuuza wojambulayo kuti apatuke, anthu ali ndi ntchito.

Ndinayang'ana aphunzitsi. Nkhope yawo sinasinthe, koma ndinaona chala chawo chikugogoda pa bondo. Sanatchule za bambo a ku Chimwankhunda. Anangopitiriza kufunsa, mofatsa, za makinawo: anali a mtundu wanji, ankasungidwa pati, ankathiridwa mafuta anji.

Titatuluka ndinalephera kupirira. Ndinati mmodzi mwa awiriwa akulakwitsa, ndipo tingachite bwino kusankha amene akuoneka kuti akunena zoona, winayo timusiye, chifukwa kanema wa mayi mmodzi wa ana a mabanja awiri adzatichititsa manyazi. Ndinadzipereka kukulitsa chithunzicho pa kompyuta kuti tione mpata wa m'manowo. Anandilola. Ndinakulitsa mpaka nkhope inasanduka timadontho, ndipo pakamwapo pankatha kukhala mpata kapena mthunzi chabe. Phewa lija nalonso, aliyense wosenza chinthu cholemera amapendekeka.

Aphunzitsi anati tisawakumanitse msanga. Anandifotokozera kuti anthu awiri akakhala pamodzi n'kumakumbutsana zakale, nkhani zawo zimasakanikirana ngati madzi a mitsinje iwiri, ndipo pambuyo pake sungadziwenso kuti uyu anabwera ndi ziti. Choncho tinabwerera ku Chimwankhunda tokha, kukafunsa mafunso omwe aja a makina. Bambowo anaganiza kwa kanthawi, n'kunena kuti chogwirira chopukusira chinathyoka, ndiye wokonza njinga wina anaikapo chitsulo cha pedulo. Mayi a ku Nancholi aja anali atanena zomwezo, kuti ankapukusa ndi pedulo ya njinga ndipo inkawadetsa m'manja. Aphunzitsi anafunsa ngati makinawo anali a mayi awo okha. Bambowo anati ayi, ankasinthana ndi mnzawo wina woyandikana naye nyumba, Mlomwe wopemphera ku tchalitchi. Mayi awo sankasoka Lachisanu, mnzawoyo sankasoka Lamulungu, ndiye makinawo sankapuma.

Madzulo ake aphunzitsi anakwera okha kumtunda kuja kukafunsa funso lomwelo. M'mawa anandiimbira foni, mawu awo akumveka ngati a mtsikana. Mayi aja anati inde, panali mayi wina wachiyao, wa mpango woyera, amene ankabwera kudzatenga makina, ndipo anali ndi kamwana kakamuna kovuta kamene kankabisa ulusi.

Tinawakumanitsa kunyumba kwa aphunzitsi, masana, pakhonde loyang'ana ku phiri. Aliyense anali atauzidwa kale kuti pali wina amene akuti mayi wa m'kanemayo ndi wake, ndipo onse anafika atakonzeka pang'ono, ngati anthu opita ku mlandu wa malire. Bambo aja anabwera ndi mwana wawo wamkazi, mayi aja ndi mnzawo wa ku tchalitchi. Moni anali wautali ndi waulemu kwambiri. Tiyi anafika, palibe amene anamukhudza. Ndinatsegula kanema, onse anaonera mpaka kumapeto.

Anayamba ndi mayi aja. Anafunsa bambowo kuti nyumba yawo inali mbali iti ya mpopi. Iwo anati kumunsi, pafupi ndi mtengo wa mapeyala. Mayiwo anawayang'anitsitsa nthawi yaitali.

“Ndiye ndinu amene munkabisa ulusi,” anatero.

“Sindinkabisa, achemwali. Ndinkamangira kaiti.”

Kuyambira pamenepo ine ndi aphunzitsi tinangokhala oonerera. Anakumbutsana za mpopi umene unkatuluka madzi m'mawa mokha, za kulira kwa sitima, za mmwenye wa shopu ya nsalu amene ankapatsa amayi awo tizidutswa totsala. Za mmene makinawo anabwerera, aliyense anali ndi mbali yake: bambowo ankadziwa kuti anachokera kwa telala wina wokalamba amene maso anasiya kuona, mayiwo ankadziwa kuti azimayi awiriwo anayamba aphika zitumbuwa limodzi kwa nthawi yaitali asanawatenge. Pa za masiku a ufulu anagwirizana chinthu chimodzi, kuti kunyumba sikunkagoneka ndi ntchito, poti aliyense ankafuna chovala chatsopano, ndipo amayi awo onse awiri sanapite kukaonerera chilichonse. Mayiwo anati mwina tsiku limenelo makina anafa ntchito ili pakati, ndiye wina anathamanga nawo kwa wokonza njinga uja, amene ankakhala kumunsi kwa msewu. N'kutheka kuti n'chifukwa chake ankasemphana ndi gulu. Aphunzitsi anafunsa ngati akukumbukira zimenezo kapena akungoganiza. Mayiwo anavomera kuti akungoganiza.

Panafika kamphindi kovuta pamene mwana wa bambo aja anafunsa kumene makinawo anathera. Bambowo anati kwawo ankadziwa kuti anapita ndi banja linalo pamene linkasamuka. Mayiwo anaimika khosi, n'kunena kuti kwawo ankadziwa kuti anatsala kwa Achawa aja. Anayang'anana. Kenako bambowo anayamba kuseka, mayiwo n'kutsatira, mpaka kupukuta misozi ndi nsonga ya chitenje. Aliyense anakula akuganiza kuti mnzake ndiye anadyerapo, ndipo amene akanalongosola onse anapita.

Za nkhope ija sanagwirizane. Ndinabwereza kanemayo mpaka batire kutsala pang'ono kutha. Bambowo ankaona phewa, mayiwo ankaona duku. Bambowo anafika povomera kuti mayi awo kawirikawiri ankafunda mpango, osati duku lotere, koma anati tsiku la ntchito yothamanga munthu amamanga chilichonse. Mayiwo anavomera kuti mayi awo anali aafupi kuposa mmene akuonekera uyu, koma anati makina pamutu amatalikitsa munthu. Pomaliza anatembenukira kwa aphunzitsi kuti, poti ndi iwo anapita kusukulu, agamule.

“Sindikudziwa,” anatero aphunzitsi. “Ndikanakonda kudziwa kuposa nonsenu. Makinawo ndikukhulupirira kuti ndi omwewo, poti munandiuza musanaonane. Koma amene anawasenza tsiku limenelo, ndikanena ndinama.”

Ndinkaopa kuti akhumudwa, koma anangogwedeza mitu. Tiyi anali atazizira, mwana wa bambo aja anakatenthetsanso, ndipo anakhala mpaka dzuwa kupendeka.

Kulumikiza kanemayo kunatitengera miyezi. Aphunzitsi ankakwera masitepe aja pafupifupi tsiku lililonse, n'kukhala pambali panga ndi magalasi awiri, ena owerengera ena oonera patali. Tinkakangana. Ine ndinkafuna nyimbo pansi pa mawu, iwo ankati nyimbo imauza munthu chimene ayenera kumva mumtima asanamve yekha. Ine ndinkadula pamene munthu wakhala chete, iwo ankandibwezeretsa. Mbali zina anandigonjera, monga kuyamba ndi msewu wa lero, minibasi zikulimbirana anthu, kenako n'kulowa mu msewu wakale uja. Mkulu wa dzino uja analowamo, gogo wa mtengo wa pakona analowamonso. Mbali ya mayi wa makina tinaiika momwe inachitikira: bambo aja payekha, mayi aja payekha, kenako pakhonde paja, ndi yankho la aphunzitsi lomwe.

Tinaonetsa koyamba mu holo ya sukulu ina ku Chimwankhunda, Loweruka masana, mazenera titatchinga ndi nsalu zakuda. Kunabwera anthu a ku mzikiti ndi a ku tchalitchi, ana asukulu, ndi anzawo a aphunzitsi ochokera ku yunivesite. Mmodzi mwa anzawowo anadandaula pambuyo pake kuti kanema wa mbiri ya dziko sanganene zochepa chotere za atsogoleri. Aphunzitsi anamuyankha kuti za atsogoleri analemba kale m'mabuku, ndipo akhoza kumubwereka. Koma anthu wamba anatuluka akukangana, ena ali mbali ya phewa ena mbali ya duku, ndipo mkangano umenewo ndinaumvanso m'minibasi ndikubwerera ku Limbe, kwa anthu amene sankadziwa kuti wojambulayo ndi ine.

Panopa aphunzitsi sakweranso masitepe anga, mawondo anakana. Ndimapita ndine ku Nancholi, ndipo timajambula pakhonde pawo anthu amene amabwera okha atamva kuti kuli mayi wofunsa zakale. Aphunzitsi a m'masukulu amabwera kudzakopera kanemayo pa fulashi.

Mayi a ku Nancholi aja, a mpata m'mano, anandipempha kuti ndiwatsukire chithunzi cha nkhope ija, pamene akuseka. Ndinatsuka ziwiri. Chawo anachiika m'felemu pamwamba pa kabati, pakati pa zithunzi za ubatizo wa adzukulu. Chinacho ndinakapereka ku Chimwankhunda, ndipo bambo aja anachisunga mu envulopu m'chipinda, n'kumachitulutsa kukabwera alendo. Aliyense amauza alendo ake kuti awa ndi amayi anga. Pa Idi yapitayi mayi aja anaitanidwa ku Chimwankhunda kukadya mpunga, ndipo mwana wa bambo aja anandiuza kuti envulopu itatuluka, bambo ake ananena mawu awo a nthawi zonse, mayiwo n'kuyang'ana chithunzicho, n'kunena kuti anajambulika bwino.